Golf 5 TDI ikutha mphamvu pokwera mapiri a Chikwawa, akuti ndigule turbo ina

Bambo a Tadala, Chilomoni

Akuluakulu, ndigawireniko nzeru ndisanataye ndalama. Ndili ndi Golf 5 ya 2007, injini ya dizilo 1.9 TDI, idachokera ku UK. Ntchito yanga imandipititsa ku Nchalo pafupipafupi. Popita palibe vuto, poti n'kutsetsereka kokhakokha. Nkhani ili pobwerera. Ndikangodutsa pa Thabwa n'kuyamba kukwera mapiri aja, ndikaponda moto mu giya 3 kapena 4, imakoka bwino kwa kanthawi, kenako mwadzidzidzi mphamvu zii. Kagetsi kochenjeza kopotanapotana kaja kamayamba kuphethira pa dashibodi. Ngakhale ndiponde mpaka pansi imangokwawa, malole a shuga n'kumandipitirira. Ndikaima pambali, kuzimitsa, n'kulizanso, mphamvu imabwerera ngati palibe chachitika. M'tauni muno siichita zimenezi.

Utsi sindikuuona, wakuda kapena wabuluu, ndipo oyilo satsika. Pagalaja ina adalumikiza kompyuta, idatulutsa khodi ya vuto yakuti P0299. Adasintha sensa ya MAF, yoyeza mpweya wolowa mu injini, koma palibe chidasintha. Pano akuti turbo, imene imakankhira mpweya wochuluka mu injini, yatha basi, ndigule ina, ndipo mtengo umene anditchulira ndi fizi ya Tadala ya chaka chonse. Umboni wawo ndi oyilo amene adamupeza m'paipi yopita ku intercooler, choziziritsira mpweya wochokera ku turbo, adandionetsa pachala.

Kodi P0299 imatanthauzadi kuti turbo yafa? Kapena pali zina zoti tiyambe tayeza?

Che Sipana, Ndirande

Bambo a Tadala, musagule kaye. P0299 sinena kuti turbo yafa. Imangonena kuti kompyuta ya galimoto idapempha mpweya wochuluka chakuti, koma umene udafika mu injini ndi wochepa. Chifukwa chake sichitchulidwa. Ikaona kusiyanako kwapitirira kwa masekondi angapo imachepetsa dizilo dala pofuna kuteteza injini, ndiko kukwawa mukunenako. Mukazimitsa n'kulizanso imayambiranso kuwerenga, n'chifukwa chake mphamvu imabwerera. Turbo yoti yafadi siidzuka chifukwa choti mwapotoza kiyi.

Oyilo wa pachala uja asakuopseni. Injini imatulutsa nthunzi ya oyilo kudzera pa breather, kapaipi kopumira injini, nthunziyo imabwezedwa m'paipi ya mpweya kutsogolo kwa turbo, ndiye pafupifupi dizilo iliyonse imene yayenda mtunda mudzaipeza yonyowa m'mapaipimo. Choopsa ndi oyilo wochita kukhuthuka mukamasula paipi ya pansi pa intercooler, woti n'kudzaza kapu. Ameneyo ndiye musayende naye, chifukwa injini ya dizilo imatha kuyamba kumwa oyilo wakeyo n'kuthamanga yokha osamvanso kiyi.

Mukafuna kuidziwa turbo yeniyeniyo, injini itazizira, chotsani paipi yolowetsa mpweya mugwire kanati ka pakati pa fani yake. Kugwedera pang'ono cham'mbali n'kwachibadwa, chifukwa shafiti imayandama pa oyilo ndipo injini ikazima oyiloyo palibe. Koma fani isakhudze khoma, mapiko ake asakhale obenthuka, ndipo mukaikoka kapena kuikankha isamveke kusuntha. Ikapambana pamenepo, vuto lili kwina.

Ine ndikukayikira mbali ya vacuum, mphamvu yoyamwa mpweya imene imawongolera turbo, ndipo chondikayikitsa ndi mawu anu omwe oti kulibe utsi. Paipi yaikulu ikang'ambika pakati pa turbo ndi injini, mpweya umene MAF yawerenga kale umathawira panja, kompyuta n'kuthira dizilo wa mpweya umene kulibe. Zikatero kumbuyo kumafuka utsi wakuda ndipo mumamva fwii mukaponda. Koma turbo ikakhala kuti siikuuzidwa n'komwe kuti ikankhe, mpweya umalowa wochepa, MAF imawerenga wochepa womwewo, dizilo amachepa, utsi osaoneka. Galimoto imangofooka mwakachetechete.

Turbo ya injini yanuyi ilibe wastegate, valavu yolambalalitsa utsi imene ma turbo ena amakhala nayo. M'kati mwake, mbali ya ekizozi, muli timapiko tozungulira timene timatseka ndi kutseguka. Tikatseka, utsi umapanikizika n'kuzunguza turbo mwamphamvu. Chimene chimatisuntha ndi kandodo kotuluka mu actuator, kachitini kaja kali pa turbo, ndipo kachitiniko kamakokedwa ndi vacuum yochokera pa pampu, kudutsa pa valavu yotchedwa N75. Vacuum ikasowa timapiko timangokhala chitsegukire, boost (mpweya wopanikizidwa ndi turbo) kulibe. Ndiye kapaipi kamodzi kokha kakang'ono kakang'aluka, turbo yabwinobwino imaoneka ngati yakufa.

Yesani izi, sizifuna ndalama. Turbo ili kumbuyo kwa injini, mufunika tochi, mwinanso kulowa pansi. Wina alize galimoto inu mukuyang'ana kandodo kaja. Kayenera kukokeka pafupifupi sentimita imodzi injini ikangolira. Injini ili chilirire zulani kapaipi ka pa actuator, kandodo kabwerere kosakodwa penapake. Samalani manja, pamenepo pamatentha msanga. Kenako tsatirani timapaipi tonse ndi zala, kuchokera pa pampu mpaka pa N75, kuchokera pa N75 mpaka pa turbo. Pa ma Golf 5 ena N75 ili payokha, pa ena ili m'kabokosi kakuda pamodzi ndi valavu ya EGR, dongosolo lobwezera utsi wina mu injini. Timapaipi takale tokutidwa ndi ulusi timanamiza kwambiri, kunja kooneka bwino koma labala wam'kati atauma kalekale. Ndiuzeninso ngati buleki imalimba mukaiponda kangapo motsatizana, chifukwa pampu yake ndi imodzi yomweyo.

Achimwene a ku Joni

Madala Sipana anena zoona. Ine ndingowonjezera za kompyuta, poti kuno ma TDI ndi ambiri ndipo ndimagwira omwewa. Kuwerenga khodi n'kuifufuta si kuyeza. Pezani munthu amene ali ndi VCDS, pulogalamu ya pa laputopu yoyezera magalimoto a VW, mukwere naye galimoto. Atsegule gulu la 011. Pamenepo pamaoneka liwiro la injini, boost imene kompyuta ikupempha, boost imene ilipodi, ndi mmene N75 ikugwirira ntchito. Pezani msewu wowongoka, giya 3 kapena 4, muyambire cha m'ma 1500 rpm, pondani mpaka pansi kufika cha m'ma 4000. Wina ayendetse, wina agwire laputopu, osati munthu mmodzi zonse.

Pa 1.9 ya mphamvu ya mahatchi 105 boost yopemphedwayo imakwera kufika cha m'ma 2000 mbar (muyeso wa kupanikizika kwa mpweya, 1000 mbar ndi bar imodzi). Dziwani kuti nambala imeneyi ikuphatikiza mpweya wa kunja womwe, ndiye imene turbo ikuwonjezera ndi pafupifupi bar imodzi. Manambala awiriwo ayenera kumayendera limodzi. Yeniyeni ikatsalira m'munsi osafika, ndi P0299 yanuyo. Ikalumpha kupitirira n'kukakamira kumwamba, imeneyo ndi P0234, ndipo nthawi zambiri ndi timapiko togwidwa ndi mwaye.

Musanalize n'komwe injini, kiyi ali pa on, onani gulu la 010. Sensa ya boost iyenera kuwerenga chimodzimodzi ndi sensa ya mpweya wa kunja, kusiyana kwake kukhale kochepa zedi. Apa ndi pamene anthu amatayira sensa zabwino. Amaona m'buku 1013 mbar, galimoto n'kuonetsa 900, basi ati sensa yafa. 1013 ndi ya m'mphepete mwa nyanja ya mchere, ngati ku Durban kapena ku Beira. Blantyre ali pamtunda wopitirira pang'ono mamita 1000, ndiye cha m'ma 900 mbar ndi zolondola. Kuno ku Johannesburg, pa mamita 1750, timaona cha m'ma 830.

Zimenezi zikufotokozanso chifukwa chake imakugwirani pamsewu umenewo. Ku Nchalo muli m'chigwa, mpweya ndi wokwanira, cha m'ma 1000 mbar. Mukamakwera kulowera ku Blantyre mpweya ukucheperachepera, phazi lanu lili pansi kwa nthawi yaitali, ndipo kuseri kwa injini kwatentha moti labala wafewa. M'tauni simupempha boost yonse kwa nthawi yokwanira kuti kompyuta idandaule.

Ngati vacuum ipezeke ili bwino, yezani mapaipi aakulu. Tsekani mbali zonse, popani mpweya wosapitirira bar imodzi, wazani madzi a sopo polumikizira ponse muone potuluka thovu. Pa Golf 5 mapaipi a intercooler amagwidwa ndi kawaya kokowera, timano take timadyeka, paipi n'kumasuntha injini ikakoka. Pamene pali oyilo wakuda womata fumbi kunja kwa paipi, pamenepo ndi pothawira mpweya.

Mjomba wa Hilux, Mangochi

Aaa inu, musavutike ndi zonsezo. Tsekani EGR ndi kachitsulo basi, ma dizilo onsewa vuto lawo ndi limenelo. Hilux yanga ya 3.0 D-4D inkachita zofananako pokwera ku Golomoti. Tidapeza kafyuluta ka pakapaipi kopita ku sensa ya MAP, yoyeza boost, katatsekeka ndi mwaye, titasintha idayamba kuuluka. Komanso ndidamva kuti mukafupikitsa kandodo ka pa turbo mphamvu imabwera yambiri.

Che Sipana, Ndirande

Mjomba, za kafyuluta ka Hilux ndikuvomera, timakapezadi kotsekeka. Koma Hilux ya 3.0 timapiko take timasunthidwa ndi kamota ka magetsi, osati vacuum, ndiye kafufuzidwe kake n'kosiyana. Golf ilibenso kafyuluta kameneko, sensa yake idamangidwa pa paipi penipenipo.

EGR ikakanirira chitsegukire imabadi utsi woyenera kuzunguza turbo, ndiye kuiyang'ana n'koyenera. Gulu la 003 limaonetsa ngati ikutseka. Ikapezeka yakuda, itsukidwe. Koma kuitseka musanadziwe vuto ndi kungowonjezera khodi ina pamwamba pa imene ilipo.

Za kandodo zokhazo ayi, Bambo a Tadala musalole munthu akhudze nati ya pa kandodoko. Utali wake adautchera ku fakitale. Mukakafupikitsa boost imalumpha, P0299 imasanduka P0234, ndipo turbo imene imazungulira kale kopitirira 100,000 pa mphindi mukuithamangitsa kuposa muyeso wake. Ndalandirapo magalimoto amene kandodo kadapotozedwa kuti abise kapaipi kong'aluka, ndipo kubwezeretsa muyeso wake ndi ntchito yovuta kuposa vuto loyambalo.

Bambo a Tadala, Chilomoni

Zikomo nonse, ndabwera ndi zotsatira. Ndidapeza mnyamata wina wa VCDS, alinso ndi kapampu ka pamanja koyezera vacuum.

Kiyi ali pa on, sensa ziwiri zija zimagwirizana, cha m'ma 900 monga adanenera Achimwene a ku Joni. Fani ya turbo siikhudza khoma. Buleki ili bwino. Titayendetsa, yopemphedwa idafika 2050 koma yeniyeni idakanirira cha m'ma 1500.

Polizitsa injini kandodo kamasuntha ndithu, moti poyamba tidati mbali imeneyo ili bwino. Koma mnyamatayo adalumikiza kapampu kake kumayambiriro kwa kapaipi, cha ku N75, n'kupopa. Singano imakwera kenako n'kumatsika yokha pang'onopang'ono. Atalumikiza pa actuator penipeni, singano idaima nji, ndipo kandodo kadafika pothera pa 0.6 bar. Titazula kapaipiko, ulusi wa kunja udali bwinobwino, koma titakapinda cha kumapeto kwa ku turbo, mng'alu udayasama kunsi kwake, mbali yoyang'ana ekizozi. Tidasintha timapaipi tonse, osati kamodziko, n'kutimangirira kutali ndi moto.

Dzulo ndakwera kuchokera pa Thabwa ndili ndi matumba a mpunga kumbuyo, kagetsi sikadaphethire. MAF yanga yakale ndakaitenga kugalaja kuja, ili m'buti.

Kanthu kamodzi kakundidetsa nkhawa. Popopa paja kandodo kamachita ngati kakodwa pang'ono chapakati kenako n'kudumpha. Ndipo pa kompyuta, ndikangoponda, yeniyeni imalumpha kufika cha m'ma 2300 kenako n'kutsika kukakumana ndi yopemphedwa. Kodi pamenepa pali vuto lina likubwera?

Che Sipana, Ndirande

Kulumpha kwa kanthawi kochepa n'kubwerera kumachitika ngakhale pa turbo zabwino. Koma kukodwa kwa kandodo ndi mwaye umene wayamba kugwira timapiko, ndipo n'zosadabwitsa poti takhala nthawi yaitali tisakuyenda mpaka pothera. Ulendo wanu wa ku Nchalo ukuthandizani, chifukwa injini yotentha bwino ndiponso yokoka pamtunda imawotcha wina mwa mwayewo. Injini ikatentha muziilola kufika 3000 rpm, osamangoikwawitsa mu giya yaikulu. Mukafika pamwamba musazimitse nthawi yomweyo, ilire kaye mphindi imodzi kapena ziwiri kuti oyilo asapsere m'turbo.

Pakatha mwezi mukayezenso 011. Kulumphako kukamakula, kapena ikadzatulutsa P0234, turbo itsitsidwe, atsegule mbali ya ekizozi, atsuke timapiko ndi mkombero wake. Ndi ntchito ya tsiku limodzi, sipafunika kugula ina. Uzani wotsegulayo aike chizindikiro asanamasule kuti zibwerere mmene zidalili, ndipo paipi yobweretsa oyilo ku turbo aione ngati siidatsekeke.

Pa oyilo, injini yanuyi ndi ya PD, mtundu umene ma injekitala ake amakankhidwa ndi camshaft (shafiti yotsegula mavalavu), imafuna wolembedwa VW 505.01 pachigubu, kapena 507.00 ngati ili ndi DPF, fyuluta ya mwaye ya mu ekizozi. Wa m'migolo wothira m'malole uja amadya camshaft. MAF yakaleyo ngati ndi Bosch yeniyeni ndipo yatsopanoyo ilibe dzina, bwezeretsani yakaleyo muone 003 ikuti chiyani.