Ndalama za holo ya sewero la Tadala

Esnart: Mwaswera bwanji nonse. Eni holo akufuna theka la ndalama, K150,000, Lachisanu lisanafike, apo ayi tsiku lathu alipereka kwa anthu a ukwati. Kufikira pano ndalandira K95,000 kuchokera kwa Azakhali, Alamu ndi ine. Otsalawo akudzidziwa, ndipo nambala ya Mpamba ndi yomwe ija.

Malume a ku Ndirande: Ine ndinanena kale kuti ndalama yanga sipita ku mpatuko. Ndine mkulu wa mpingo, ndipo sindingakhale kutsogolo m'holo kumaombera m'manja anthu okana kuti Mulungu anakonzeratu zonse.

Tadala: Malume, mpatukowu kulibe kwina kulikonse, ndinaupeka ndekha. M'dziko la m'seweroli mwana akabadwa, akuluakulu amamumanga m'chiuno chingwe chokhala ndi mfundo, ndipo mfundo iliyonse imanena chimene adzakhale, amene adzakwatirane naye ndi chaka chimene adzamwalire. Anthu a pa Mphambano ndi kagulu kamene kamakumana mbandakucha pamene njira zapatukana, n'kudula zingwezo ndi mpeni, ndipo aliyense amalumbira kuti kuyambira tsiku limenelo zolakwa zake sadzazikankhira kwa wina.

Azakhali a ku Bangwe: Mwanawe, chimene chikundivuta ine ndi mphambanoyo. Kwathu pa mphambano ndi pamene anthu amakatayapo mankhwala usiku, ndiye oonerera adzaganiza zina. Sungawaike pansi pa mtengo wa mkuyu?

Tadala: Ndinasankha dala, Azakhali, chifukwa pa mphambano ndi pamene munthu sangapitirire osasankha njira.

Malume a ku Ndirande: Werengani Aefeso 1 ndime 4 ndi 5. Ndalama yanga sipita ku mpatuko.

Yohane: Malume, mwaulemu ndithu, mkanganowu ndi wakale ndipo uli mkati mwa mpingo momwemo. Otsatira a Jacobus Arminius anatsutsa chiphunzitso cha John Calvin cha kusankhidwiratu, mpaka panachitika msonkhano wa mipingo ku Dordrecht, m'dziko la Netherlands, mu 1618 ndi 1619 umene unagamula kuti otsatira a Arminius alakwa, komabe pambuyo pake John Wesley, woyambitsa Methodist, anatsamira mbali yawo. Chivomerezo cha Westminster cha 1646, chimene mpingo wa ku Scotland unali nacho pamene unkatsegula mishoni ya Blantyre mu 1876, chili ndi mutu wonena kuti Mulungu anakhazikitsiratu zonse, koma chilinso ndi mutu wachisanu ndi chinayi wonena za ufulu wa munthu wosankha. Pa Deuteronomo 30 ndime 19 anthu akuuzidwa kuti asankhe moyo. Tadala wangoika pa bwalo funso limene abusa akhala akulimbana nalo zaka mazana anayi.

Esnart: Zikomo Yohane, koma dzina lako silili pa mndandanda wa amene apereka.

Yohane: Ndilandira pa 27, Achemwali. K20,000 yanga ilembeni ngati ngongole.

Esnart: Ngongole za mtundu umenewu ndi zimene zinachedwetsa chiliza cha agogo, ndipo ena mpaka lero sanamalize. Achimwene a ku Johannesburg awerenga uthenga uliwonse kuyambira Lolemba, koma sanayankhe ngakhale umodzi.

Alamu: Ine ndinapita kukaona anawa akuyeserera Loweruka ku Chilomoni, m'kalasi lopanda magalasi m'mawindo. Pali malo amene mtsikana wina amadula chingwe chake, kenaka mng'ono wake amadwala, ndipo mudzi wonse umati ndi chifukwa cha mpeni uja. Mtsikanayo amaima ndi zidutswa ziwiri za chingwe m'manja, osadziwa ngati azilumikize kapena azitaye. Mayi amene amagulitsa mandasi pakhomo anasiya beseni lake n'kulowa kudzaonerera. Seweroli silikunena kuti a pa Mphambano akulondola pa zonse, chifukwa mtsogoleri wawo pomaliza amayamba kukakamiza anthu kudula zingwe, zimene zikutsutsana ndi chiphunzitso chake chomwe.

Azakhali a ku Bangwe: Komatu ana inu, chakudza sichiimba ng'oma. Pali zinthu zina zimene munthu sasankha. Palibe amene anasankha kuti madzi a namondwe Freddy adutse pa Chilobwe mu 2023.

Tadala: Zoona Azakhali, mvula sitisankha. Koma pa maliro a bambo aliyense amene anandigwira dzanja anandiuza kuti inali nthawi yawo, zinalembedwa, pamene ine ndinali m'nyumba masiku atatu aja tikudikira kuti papezeke wolipira galimoto. Seweroli ndinayamba kulilemba sabata imeneyo.

Malume a ku Ndirande: Nkhani imeneyo si ya pa gulu. Amene anali ndi galimoto nthawi imeneyo akudziwika, ndipo sindinali ine.

Azakhali a ku Bangwe: Achimwene, mwanayu sanatchule munthu. Tiyeni tizisiye pomwepo.

Esnart: Tibwerere ku holo. Yatsala K55,000, ndipo sitinayambe kukamba za nsalu za ochita sewero khumi ndi awiri, kapena minibasi yowatenga ku Chilomoni.

Alamu: Nsalu ndikagula ine ku Limbe, ndipo zingwe za khonje ndili nazo kale kunyumba.

Malume a ku Ndirande: Ndanena kuti ku mpatuko sindipereka. Tadala, unditumizire seweroli lonse pa pepala, osati pa foni, ndiliwerenge ndekha mpaka kumapeto. Ndikapeza kuti dzina la Mulungu silinanyozedwe, ndidzalipira minibasi, koma ya holo ayi.

Tadala: Ndibwera nalo mawa madzulo ndikaweruka, Malume. Ndi masamba 46.

Esnart: Pa Mpamba palowa K30,000 kuchokera pa nambala imene sindikuidziwa, popanda uthenga uliwonse. Watumizayo andiuze kumbali kuti ndilembe dzina. Yatsala K25,000, ndipo Lachisanu ndi mkuja.