Gawo 7 lakanika: amatsenga a mfumu akugwadiranji?

aPhiri a ku Matero: Olemba anzanga, ndithandizeni, tikujambula Loweruka. Mu sewero la pa wailesi lija muli ufumu wongopeka, ndipo mfumu yaikulu ili ndi gulu la amatsenga olembedwa ntchito, ndinawatcha Anyamphenzi. Amagwetsa mvula, amatchinga malire, amalandira malipiro ndi nyumba. Poyeserera dzulo mnyamata wosewera mkulu wawo wandifunsa kuti, "Ngati ndimaitana mphenzi, ndikugwadiranji mfumu yosadziwa ndi mtengo umodzi womwe?" Omvera adzafunsanso zomwezo.

Nabanda a ku Chawama: Alumbiritseni. Wopandukira mfumu afe pompo.

aTembo a ku Garden: Ayi mayi, pamenepo mwapha sewero. Ngati wopanduka amafa nthawi yomweyo, palibe angayese n'komwe, ndiye gawo 8 mulembamo chiyani? Omvera amakhala pa wailesi chifukwa akuona kuti munthuyu angathe kupanduka koma chilipo chikumugwira mwendo.

Nabanda a ku Chawama: Chabwino, nanga chomugwira mwendocho n'chiyani? Kutsutsa kokha sikujambulika.

Bambo Zulu a ku Chilenje: Ine ndinapumira m'boma, ndiye ndikuuzeni. Boma silimanga munthu ndi chingwe. Limamupatsa nyumba yomwe si yake, limamulonjeza penshoni, limamukweza pang'onopang'ono kuti aziyang'ana mnzake wa pamwamba m'malo moyang'ana mpando. Akayamba kutchuka, kalata ya transifa. Wa ku Lusaka akangomva za Shang'ombo kapena Kaputa amazizira yekha. Anyamphenzi anuwo asamathe dzinja zitatu pa dera limodzi, anthu asanayambe kunena kuti mvula ndi ya uje.

aPhiri a ku Matero: Ya transifayi ndaitenga kale, bambo. Koma munthu wa mphenzi angoiotcha kalatayo.

aMwale a ku Kalingalinga: aPhiri, vuto ndi loti mwaika mphamvu yonse m'manja mwa munthu mmodzi. Makolo athu sankatero. Mu ufumu wa Maravi, Kalonga anali wa a Phiri, koma za mvula zinali kwa Makewana ku Msinja, kumbali ya a Banda. Makewana sankakwatiwa, tsitsi sankameta, anali ndi atsikana omutumikira otchedwa matsano, ndipo ng'oma yopatulika ya mbiriwiri inali ndi woimba wake, Tsang'oma. Mvula inali ntchito ya anthu angapo, aliyense ndi mbali yake ndi zosala zake. Gawani chimodzimodzi: wina adziwa mitengo, wina mawu, wina ng'oma. Kuti apanduke ayenera kugwirizana atatu, ndipo pa atatu sipalephera kupezeka wokaulula.

Chachiwiri, funsani sing'anga aliyense, mankhwala opanda chizimba ali ngati ndiwo zopanda mchere. Ndiye chizimba chikhale cha mfumu. Kale mlenje akapha njovu, mnyanga wogunda pansi unali wa mwini dziko. Mu ufumu wanuwo chilichonse chokhala chizimba chizipita ku likulu ngati mtulo, monga mafumu a ku Zambia, Malawi ndi Mozambique amapitira ndi mphatso kwa Gawa Undi ku Mkaika pa Kulamba. Wamatsenga azipatsidwa cha ntchito imodzi yokha, atasainira.

Bambo Zulu a ku Chilenje: Ehe! Ndiye kuti munthu woopsa m'sewero lonse ndi wosunga sitolo. Amenewo timawadziwa. Alibe giredi yapamwamba koma ndi dairekita yemwe amawapatsa moni kawiri.

aTembo a ku Garden: Apa ndiye pali nkhani. Mkulu wa Anyamphenzi azibisa pang'onopang'ono chizimba chotsala pa ntchito iliyonse, akumalemba kuti chatha. Wosunga sitolo akudziwa kuti mabuku sakugwirizana koma akhala chete, akufuna mtengo wake.

Nabanda a ku Chawama: Ndavomera, koma lumbiro langa musalitaye lonse. Likhale chosala, osati imfa. Wamatsenga wa mfumu asakhale mwini mbumba, adzukulu ake azileredwa ku bwalo. Kwa Mchewa zimenezo zimapweteka kuposa kulandidwa nyumba. Ndipo aPhiri, samalani maina. Lamulo la ufiti la 1914 likadalipo kuno ku Zambia, kutchula munthu kuti ndi mfiti ndi mlandu. Musatengeko dzina la mfumu kapena mudzi weniweni, ngakhale Msinja yemweyo. Tengani kamangidwe kake basi.

Naphiri a ku Kabwata: Ine wa zomveka ndilankhuleko. Pa wailesi sitolo sioneka, ndiye ndipatseni phokoso lake. Ndikufuna makiyi ambiri pa chingwe chimodzi ndi chitseko cholemera. Nthawi zonse matsenga asanachitike, omvera amve makiyiwo. Akazolowera, tsiku lomwe mphenzi idzagunda popanda makiyi kulira, adzadziwa okha kuti wina waba. Simufunikanso wofotokoza. Komanso chepetsani mphenzi, aPhiri. Lata limene timagwedeza lija likamveka kanayi pa gawo limodzi limasanduka lata.

aPhiri a ku Matero: Ndamva. Ndichotsa zokamba zazitali za mfumu pa tsamba 4, ndiikepo mkulu wa Anyamphenzi ali pa mzere ku sitolo, chilala chili m'dera lake, wosunga akumuuza kuti abwere mawa chidindo palibe. Funso la mnyamata uja ndimupatsa kuti alinene m'sewero momwemo, alifunse wophunzira wake. Koma ndilibe wosewera wosunga sitolo, ndipo ndalama ya munthu wina palibe.

aTembo a ku Garden: Amene akusewera mlonda wa pa chipata ali ndi mizere iwiri yokha. Phatikizani maudindowo.

Naphiri a ku Kabwata: Mawu ake ndi ofanana kwambiri ndi a mfumu, omvera asokonezeka. Mupatseni mayi uja wosewera wogulitsa mowa, wosunga sitolo akhale mkazi. aPhiri, tumizani masamba atsopano pofika Lachinayi usiku kuti ndikonze makiyi, ndipo lembani pambali paliponse pomwe chitseko chikutseguka.