Apilo yanga aithetsa osandimva n'komwe, ndipite kuti?

Wobisa dzina: Abale, tulo sindikutiona. Ndinaluza mlandu wa ngongole kwa munthu amene ndinkachita naye bizinesi, woti ndinamusunga pakhomo panga miyezi 8, kudyera mbale imodzi. Ndinachita apilo kudzera mwa loya. Ndalama analandira, koma foni sayankha, mlembi wake amangoti bwana ali kukhoti. Alamu anga amene anandilozera loyayu akundizemba, kunyumba nako akuti ndinaziputa dala. Dzulo ndalandira pepala lolembedwa "dismissed for want of prosecution". Prosecution yanji poti si mlandu wa kupolisi? Kodi zathera pomwepa?

Sindiopa: MALOYA! Ine anandidyera galimoto yonse. Musataye nthawi bambo, kamutengeni pakhosi akubwezereni ndalama zanu.

Mayi wa Atatu: Pepani achimwene. Mawuwo akutanthauza kuti amene anachita apilo sanaiyendetse. Mwina zikalata za mlandu woyamba sizinakonzedwe, mwina mfundo zanu sizinaperekedwe pa nthawi yake, kapena tsiku lomva apilo mbali yanu kunalibe munthu. Pepalalo lili ndi deti liti? Chifukwa alembapo chiyani?

Sindiopa: Deti lithandiza chiyani? Maloya onse ndi amodzi, masana amakangana, madzulo amamwera limodzi.

Wophunzira Malamulo: Pa mlandu wa Birkett v James, House of Lords, khoti lalikulu kwambiri ku England panthawiyo, inati kuti mlandu uthetsedwe motere, kuchedwa kuyenera kukhala kopyola muyeso, kopanda chifukwa chomveka, komanso kopweteka mbali inayo. Yambirani pamenepo.

Mkulu Wakale: Mwana iwe, umenewo sunali wa apilo, unali wa mlandu umene sunazengedwe n'kamodzi komwe. Pa apilo mnzakoyo chigamulo ali nacho kale m'manja, ndiye khoti silikonda kumudikiritsa. Inunso bambo, mlandu ndi wanu, si wa loya. Munapitako kangati kukhoti kukafunsa?

Sindiopa: Mukudzudzula munthu wolira? Mwina nanunso ndinu loya!

Nyakwawa: Ukasunga munthu miyezi 8 uzimulembetsa lendi, apa bwenzi ngongole itathana yokha 😂

Mayi wa Atatu: Tasiyani phokoso. Achimwene, mawa lomwe pitani ku ofesi ya zikalata kukhotiko ndi nambala ya mlandu, mukaone fayilo. Makhoti ambiri amalola kupempha kuti apilo ibwezeretsedwe, koma mumalumbira kalata yofotokoza chimene chinachedwetsa, ndipo mukachedwanso kupemphako ndiye mwadzitsekera nokha. Malisiti a loya ndi mauthenga onse a pafoni musataye.

Wamasiye: Ine yanga inatha chonchi bambo anga atamwalira. Tinkadikira kuti khoti litiitana, osadziwa kuti oyendetsa ndife. Tinangoona mashelifu pakhomo, mpaka firiji anakweza. Chenjerani, apilo payokha siimitsa chigamulo, chiletso chimapemphedwa padera. Mwinanso akulipiritsani zimene mnzanuyo wawononga pa apiloyi.

Sindiopa: Mwamva? FIRIJI! Loya uja akadali kuyenda m'suti. Kamusumireni ku bungwe la maloya lero lomwe.

Mkulu Wakale: Kumusumira n'kotheka, koma sikudzutsa apilo. Ayambe apeza loya wina.

Wobisa dzina: Zikomo nonse. Ndayesanso foni ya alamu, akudula. Munthu amene ndinamulipirira sukulu mwana wake!

Mayi wa Atatu: Achimwene, za alamu tamva. Deti la papepalalo ndi liti?