Mawu amira m'phokoso la mathithi a Williams, tikonze bwanji?

Wofunsa: Achimwene ndi achemwali, thandizeni. Filimu ndi yaifupi, wolemba, wotsogolera ndi wosaka ndalama ndi munthu mmodzi, ine ndemwe. Muli gawo la mphindi 3 la anthu awiri akukambirana pa mathithi a Williams, paphiri la Zomba. Zithunzi zatuluka bwino, koma mawu amezedwa ndi madzi ndi mphepo. Maikolofoni inali ya pakamera. Pakompyuta zingatheke, kapena tibwerere?

Wa mawu: Achimwene, kompyuta musaidalire. Mkokomo wa madzi umalowerera m'mawu a munthu, ndiye mukauchotsa, wosewera amamveka ngati akulankhulira m'chitini. Chapha ntchito ndi mtunda. Maikolofoni ikatalikira pakamwa, imatola chilichonse chili pakatipo. Bwererani ndi boom (maikolofoni ya pa ndodo yaitali), ikhale masentimita 30 mpaka 50 pamwamba pa mutu, iloze pansi pachifuwa cha wolankhula, osati kumathithi. Muiveke deadcat (chovala chaubweya chotchinga mphepo), siponji yokha siitchinga mphepo ya kumtunda kuja. Chojambulira mawu muchiike pa 48 kHz, 24-bit, mawu okwera azifika cha pa -12 dB pa mita yake. Ombani m'manja pamaso pa kamera musanayambe, kuti polumikiza mawu ndi chithunzi musavutike.

Ndipo pakhale munthu wovala mahedifoni amene ntchito yake ndi kumvetsera basi. Wotsogolera maso ake amakhala pa osewera, sangamve kuti chovala chikukhula maikolofoni.

Wolemba wina: Poti nkhaniyo ndi yanu, ikonzeni papepala kaye. Kodi mawu onsewo afunikadi kunenedwa pamadzipo? Mathithi muwajambule patali, awiriwo akufika osalankhula. Zokambirana zichitikire m'njira ya m'mitengo, mamita 100 kapena kuposerapo, madzi akumveka chapansipansi. Woonera savutika nazo zimenezo.

Wofunsa: Boom tibwereka, koma timaikolofoni tapachifuwa tilibe.

Wa mawu: Foni m'thumba, kamaikolofoni ka mahedifoni mukamate ndi tepi mkati mwa malaya, foni muiike pa flight mode. Sikafika pa boom, koma kamapulumutsa. Mukatha gawolo, osewera abwereze mawu onse pamalo abata popanda kamera, adakali ndi mtima womwewo. Kenako aliyense akhale chete, mujambule phokoso la malowo kwa mphindi imodzi. Limenelo ndilo limabisa modulamodula.

Wokonza dongosolo: Musanalipire galimoto, onani nyengo. Kuyambira May mpaka August chiperoni chimabweretsa nkhungu ndi mawawa, ndipo chithunzi cha dzuwa sichilumikizana ndi cha nkhungu. Nyamulani zovala zomwezo, tsitsi likhale momwe linalili, mufike ola lomwelo kuti mithunzi ifanane. Malowo ndi nkhalango yotetezedwa, choncho kambiranani ndi a Forestry (oyang'anira nkhalango) tsiku lisanafike. Ndalama zikavuta, jambulirani mawuwo m'chipinda chotchinga ndi matiresi ndi mabulangeti, wosewera akuyang'ana milomo yake pa sikirini, chiganizo chimodzichimodzi. Firiji ndi fani muzimitse.