Noah ya 3S: ndigule kiti yonse ya taiming'i kapena lamba yekha?

Mwini Noah, Mtunthama: Akuluakulu, ndithandizeni nzeru. Galimoto ndi Townace Noah SR40, injini ya petulo ya 3S-FE, imayenda pakati pa Mtunthama ndi pa Boma ku Kasungu. Sitika ya pakava ikuonetsa kuti lamba wa taiming'i (lamba wamano wolumikiza kranki ndi kamu ya injini) wayenda makilomita oposa 90,000. Kushopu andipatsa mitengo iwiri: lamba yekha, kapena kiti yonse yokhala ndi tenshona (pule yokoka lamba), aidila (pule yongotsogolera lamba), pampu ya madzi ndi masilu (timalabala totchinga oyilo kuti asadonthe). Kitiyo ikuposa katatu mtengo wa lamba. Kodi ndi yofunikadi?

Dalaivala wa ku Santhe: Achimwene, gulani lamba basi. 3S-FE siipinda mavalavu. Lamba akaduka injini imangozima, pisitoni ndi valavu sizigundana, mumaika wina n'kubwerera pamsewu. Ndalama yotsalayo iponyeni ku mabuleki ndi matayala, poti mvula ikayamba ndi zimenezo zomwe zingakusungeni.

Makaniko wa ku Chinkhoma: Zoti siipinda mavalavu mwanena zoona, koma nkhani siyithera pamenepo. Tawerengani zomwe lamba wa 3S amadutsamo: pule ya kranki, pule ya pampu ya oyilo, aidila, pampu ya madzi, pule ya kamu ndi tenshona. Chimodzi chokha mwa zimenezi chikagwira, lamba watsopanoyo amapsa kumsana kapena kuthothoka mano, ngakhale atakhala wa sabata imodzi. Mabering'i a tenshona ndi aidila ayenda ulendo womwewo umene lamba wayenda, mwina kuposa, chifukwa amene anasintha kale uja sitikudziwa ngati anazikhudza. Mukaika lamba yekha mukuwapempha kuti ayendenso makilomita ena 100,000 ndi girisi wakale yemweyo.

Ndiye taganizirani leba. Pampu ya madzi pa injini imeneyi ili kuseri kwa kava ya taiming'i. Ikayamba kudontha pakatha miyezi itatu, makaniko achotsanso fani, malamba akunja, pule ya kranki, makava ndi lamba yemwe uja. Mulipira ntchito imodzi kawiri.

Dalaivala wa ku Santhe: Koma si pampu iliyonse imene imafa pa 100,000, bambo. Zina zimapitirira kwambiri. Bwanji osatsegula kaye n'kuona?

Makaniko wa ku Chinkhoma: Kuona n'kotheka, ndipo kuyesa kwake ndi uku. Lamba akachoka, zunguzani aidila ndi chala. Yabwino imazungulira mwakachetechete, molemererako pang'ono, n'kuima msanga chifukwa girisi akadalimo. Ikamathamanga wayawaya ngati wilo ya njinga, kwinaku ikulira ngati muli mchenga, yauma. Igwedezeninso cham'mbali, isamasewere ngakhale pang'ono. Pa pampu ya madzi yang'anani kabowo kakang'ono ka pansi pa shafuti. Mukaona mzere woyera, wobiriwira kapena wadzimbiri wotsika kuchokera pakabowopo, silu yamkati yayamba kale kutha.

Vuto la kuno n'lakuti ambiri amathira madzi a pamjigo m'ladiyeta m'malo mwa kulanti, madzi a mankhwala oziziritsira injini. Madzi amenewo amadya timapiko ta pampu mkati, pomwe kunja ikuoneka bwinobwino. Zimenezo simungazione popanda kuimasula, ndipo mukaimasula mufunika gasiketi ndi O-ring zatsopano. Pofika pamenepo kuli bwino kungoika pampu yatsopano.

Mayi wogulitsa masipeya pa Boma: Ine ndikufuna ndikhotetse nkhaniyi pang'ono. Funso lisakhale la kiti kapena lamba yekha ayi, koma kiti yake iti. Muli makiti m'mashopu, kuno ngakhale ku Lilongwe, okhala ndi bokosi lokongola koma mkati muli mabering'i opanda dzina. Kuchotsa aidila ya Koyo imene inabwera ndi galimoto kuchokera ku Japan n'kuikapo yopanda dzina ndi kubwerera m'mbuyo. Lamba wabwino pa mapule akale omwe mwawayesa amaposa kiti yonse ya feki.

Mayina oti muyang'ane: lamba wa Mitsuboshi, Gates kapena wa Toyota weniweni, pampu ya Aisin, mabering'i a Koyo, NSK kapena NTN, masilu a NOK. Dzina lisangokhala pabokosi, likhale lodindidwa pachitsulo penipeni. Lamba wa 3S-FE ali ndi mano 163. Awerengeni muli mushopu momwemo, muike kadontho ka choko poyambira. Ngati wakale alipo, agundanitseni mano kuti muone ngati maonekedwe a dzino ndi m'lifupi zikufanana. Lamba amene wapachikidwa pa msomali padzuwa, kapena wopindidwa mpaka kuthyoka msana, musiyeni. Mkati mwake muli ulusi wolimba umene umaduka akapindidwa kwambiri, ndipo kunja simuona kanthu.

Pobwera tengani nambala ya chasisi. Noah yoyambira 2001, ya AZR60, ili ndi injini ya 1AZ ya tcheni, ilibe lamba n'komwe. Sienta, Probox ndi Axio za 1NZ nazonso ndi za tcheni. Alipo amene amagulitsidwa "taiming'i" pa galimoto zimenezi, pomwe chomwe apatsidwa ndi fani beluti.

Mwini Noah, Mtunthama: Zikomo mayi. Nanga masiluwo? Pansi pa kava pamaoneka ponyowa ndi oyilo pang'ono.

Makaniko wa ku Chinkhoma: Ngati panyowa, masilu si osankhanso. Oyilo ndi mdani wamkulu wa lamba: labala amafufuma, mano amafewa, tsiku lina poliza m'mawa kranki imazungulira koma lamba waima, mano asanu kapena khumi atsalira pansi pa kava. Malo odontha pa 3S alipo anayi: silu ya kamu, silu ya kranki, silu ya pa shafuti ya pampu ya oyilo, ndi kalabala kopyapyala kokhotakhota kamene kamakhala pansi pa chivundikiro cha pampu ya oyiloyo. Kameneka ndiye kamauma n'kusweka ngati kamtengo, ndipo makiti ambiri sakhala nako. Kafunseni padera. Ena amasintha silu ya kranki yokha n'kudabwa kuti oyilo sakusiya.

Mkulu wa dizilo, Nkhamenya: Kwa ena amene akuwerenga: zimene anena achimwene a ku Santhe musazitengere ku dizilo. Noah ya 3C, Bongo kapena Vanette ya R2, Hiace ya 3L ndi 5L, zonsezi lamba akaduka pisitoni imamenya mavalavu, ndipo mumayamba kukamba zokonzetsa hedi ya injini. Pa 4D56 ya L200 ndi Pajero pali malamba awiri, wamkulu ndi wamng'ono wa balansa. Wamng'onoyo akaduka amalowa pansi pa wamkulu n'kumudumphitsa mano, choncho amasinthidwa limodzi. Hilux ya 2KD imayatsa getsi la T-BELT pa makilomita 150,000, ndipo pampu yake ya madzi siyendera lamba wa taiming'i, ndiye kiti yake ndi lamba, aidila ndi tenshona ya haidiroliki. Injini iliyonse ili ndi yankho lake.

Madala a galaja, Chamama: Mwakambirana zogula, koma sipeya yabwino yoikidwa molakwika ndi ndalama yotayika. Mwana wanga wa ku Mtunthama, ukhalepo pamene akugwira ntchitoyi, ndipo uziona izi.

Achotse waya wa negetivu pa batire, achotsenso mapulagi onse anayi kuti injini izizungulira mofewa ndi sipana. Asanamasule chilichonse, azungulize kranki molowera kumene wotchi imayendera mpaka kamzera ka pa pule kafike pa 0 wa pakava yapansi. Kenako asuzumire pa kabowo ka pa pule ya kamu: chizindikiro cha pa kapu yoyamba ya kamu (chitsulo chogwira kamu kuseri kwa puleyo) chioneke pakati penipeni pa kabowoko. Pamafunika tochi, ndipo diso likhale molunjika, chifukwa ukayang'ana cham'mbali umaphonya ndi dzino lathunthu. Ngati chizindikiro sichikuoneka, azungulize kranki kamodzinso, poti kranki imazungulira kawiri kuti kamu izungulire kamodzi.

Pule ya kranki isamenyedwe ndi hamala, ikokedwe ndi pula, chida chokokera mapule. Pakati pake pali labala, ndipo akatopa mkombero wakunja umatsetsereka, kamzera kaja n'kuyamba kunama. N'chifukwa chake kava yapansi ikachoka ayenera kutsimikiza ndi chizindikiro cha pa giya yaing'ono ya kranki, chomwe chimayang'anizana ndi chinzake cha pa thupi la pampu ya oyilo. Chimenecho sichisuntha. Pa injini zokhala ndi sensa ya kranki, giya imeneyi ili ndi timano topyapyala kumbuyo. Akaikankha ndi masikuludiraiva awiri n'kupinda kadzino kamodzi, galimoto imavuta kulira kapena imadukiza, anthu n'kuyamba kusintha mapulagi pachabe.

Poika lamba, tenshona ikankhidwire kumbali mpaka kumapeto n'kumangidwa kaye pomwepo. Lamba ayambire pa kranki, adutse mapule onse, ndipo mbali yosakhala ya tenshona ikhale yokoka, kulendewera konse kutsalire ku tenshona. Asamukwezere pa pule ndi chitsulo. Wasala yotsogolera lamba ya pa kranki ilowe mkombero wake wopindika utayang'ana kunja. Ikatembenuzidwa imadya lamba m'mbali mpaka ulusi kutuluka.

Ndiye apa ndi pomwe ambiri amafupikitsa. Amasule bawuti ya tenshona theka la kuzungulira, sipuling'i ikoke yokha. Azungulize kranki kawiri kathunthu ndi dzanja, kutsogolo kokha, aonenso zizindikiro zonse ziwiri. Zikasemphana, lamba achoke, ayambirenso. Zikagwirizana, azungulizenso pang'onopang'ono kutsala pang'ono kukwana kawiri, aime pa chizindikiro cha 45 digiri chomwe chili pakava usanafike pa 0, ndipo amange bawuti ya tenshona pomwepo, mphamvu yomangira ikhale 42 Nm. Bawuti ya pule ya kranki ndi 108 Nm. Asaonjezere mphamvu pa tenshona ndi chitsulo poganiza kuti lamba wolimba kwambiri ndiye wabwino. Wothina amalira ngati mluzu ndipo amapha bering'i ya pampu ya madzi imene wangogulayo.

Dalaivala wa ku Santhe: Madala, nanga bawuti ya kranki ija, si paja amangotsamiritsa sipana yaitali pa chasisi n'kugunda sitata kamodzi?

Madala a galaja, Chamama: Imamasuka motero, inde, koma sindikulimbikitsa. Sipana ikapulumuka imaswa ladiyeta kapena dzanja la munthu, ndipo ngati sanazimitse moto wa mapulagi injini itha kulira. Komanso njira imeneyo siyimanga. Pomanga pafunikabe chogwirira pule, ndiye chikhalepo kuyambira pachiyambi. Chitsulo chafulati chobooledwa mabowo awiri, chomangidwa pa mabowo a pule, chimakwanira.

Makaniko wa ku Chinkhoma: Ndionjezerepo za sipuling'i ya tenshona. Ndi kanthu kotchipa koma ndi komwe kamapereka mphamvu yonse ya kukoka kwa lamba. Yakale ikatambasuka, lamba amakhala wolendewera ngakhale mutatsata zonse zimene anena madalawa. Gulani yatsopano. Ndipo taiming'i ikaphonya ndi dzino limodzi galimoto imalira ndithu, n'chifukwa chake anthu amanyengeka. Mudzaona pokwera mtunda muli ndi katundu: mphamvu palibe, mafuta akutha msanga. Pa zokhala ndi distribiyuta ena amangoipotoza kuti abise vutolo, koma mavalavu amakhalabe akutsegula pa nthawi yolakwika.

Mayi wogulitsa masipeya pa Boma: Makava nawonso, chonde. Yosweka kapena yosowa musainyalanyaze, ipezeni ngakhale yogwiritsidwapo kale ntchito. Misewu ya ku Chamama ndi ku Chulu fumbi lake mukulidziwa, ndipo nthawi ya dzinja ndi matope. Kamwala kamodzi kakalowa pakati pa lamba ndi pule kamaboola lamba.

Dalaivala wa ku Santhe: Za masilu ndi sipuling'i ndavomera, poti oyilo waoneka kale. Koma aidila ndikuumirirabe: ngati ya ku Japan ikuzungulira bwino, isiyeni. Si aliyense ali ndi ndalama yogulira zonse tsiku limodzi, makamaka fodya asanagulitsidwe.

Mkulu wa dizilo, Nkhamenya: Pa petulo ya 3S ndingakuvomereni pang'ono, poti choipitsitsa ndi kugona panjira ndi kulipira chokokera. Koma galimoto yonyamula anthu ikaima pakati pa Gogode ndi Mtunthama usiku, tsiku lotsatira silipanga ndalama. Zimenezo aziwerengere pamtengo wa aidila.

Mwini Noah, Mtunthama: Ndamva, akuluakulu. Kiti ya m'bokosi ija ndiisiya. Ndigula chilichonse pachokha: lamba wa Mitsuboshi, pampu ya Aisin, tenshona ndi sipuling'i yake, masilu atatu ndi kalabala ka pampu ya oyilo. Aidila tiiona tikatsegula. Nanga m'ladiyeta ndithiremo chiyani tikamaliza?

Makaniko wa ku Chinkhoma: Tsukani kaye mpaka madzi otuluka ayere, kenako kulanti wosakaniza kale, osati madzi a pamjigo. Tsegulani hita mbali yotentha, lizani injini chivundikiro cha ladiyeta chili chotsegula mpaka payipi yapamwamba itenthe ndipo thovu lisiye kutuluka, mudzazenso. M'mawa mwake, injini ili yozizira, onaninso mlingo. Aidilayo uzani mayiwa akusungireni ya Koyo tsiku lomwe mukutsegula, kuti ikapezeka youma galimoto isagone pa jeke kudikira ya ku Lilongwe.

Madala a galaja, Chamama: Zakale zonse akupatse m'manja uzione. Ndipo alembe makilomita ndi tsiku pakava yapamwamba ndi penti, sitika imamatuka ndi kutentha.