Ndinasiya khasu mwadala, pano apongozi aitanitsa ankhoswe

Admin mundibise dzina chonde.

Ndine bambo wa zaka 41, ndili pa chikamwini ku Dedza. Ndinakhala ku Joni zaka 9 ndikunyamula matumba a simenti ku Johannesburg. Nditabwerera ndinamanga tinyumba tiwiri ta lendi, ndipo ndinauza mtima wanga kuti khasu ndasiyana nalo. Sindikudwala ayi, ndisaname. Ndikungofuna kukhala.

Zabwino zake ndaziona. Tulo ndimagona tokwanira, msana unasiya kuwawa, ana anga omwe ankandidziwira pa WhatsApp pano timadyera limodzi. Ngakhale abale omwe ankabwera ndi mavuto mwezi uliwonse anachepa, poti amati kwa mlesi kulibe chopempha. Izi zokha sindidandaula nazo.

Koma mudzi wandizonda. Mizere ya chimanga ndi kachewere ndinalipira aganyu, munda uli bwinobwino, komabe apongozi aakazi akuti iwo anafuna mkamwini, osati bwana wa pakhonde. Akazi anga akapita kumjigo amamva nyimbo zokuluwika. Ku banki mkhonde anawafunsa ngati ndalama akukongolazo n'zogulira amuna awo nkhomo za bawo. Chomwe chandiopsa n'cha mwezi watha. Kunagwa maliro, ine ndinatumiza ufa ndi ndalama koma kumanda sindinapite m'mawa. Mkulu wa adzukulu anandibwezera ndalamayo pamaso pa anthu, amvekere tsiku langa likadzafika ndalamayo ndiye idzakumbe. Tsopano ankhoswe akubwera Loweruka. Ndipepese n'kugwiranso khasu, kapena ndisamutse banja tikakhale kutauni?

Mayankho

Achimwene, za kumunda musavutike nazo, aganyu nawonso amadyera pomwepo. Koma kumanda sikutumizidwa munthu. Gwirani nkhuku mupite kwa amfumu Loweruka lisanafike, ndipo maliro otsatira mukakhale woyamba kugwira fosholo.

Inu bambo, mwafotokoza za msana wanu, nanga wa akazi anu? Madzi akutunga ndani, nkhuni akutola ndani inu muli pa bawo? Ine ndine mkazi, ndikukuuzani kuti ankhoswewo sanaitanidwe ndi apongozi okha.

Wakwata kwa mphenzi saopa kung'anima, akulu. Kutauni mukalipira lendi, madzi, makala, ufa. Tinyumba tiwirito sitikwana, pakutha miyezi itatu mudzakhala mukusaka basi ya ku Joni.