Mtsikana wa gofu ku Kasungu: alowe liti gulu la osewera molipidwa?

Amalume_Chulu: Moni akuluakulu. Mwana wa mlongo wanga ali ndi zaka 15, amasewera gofu akapita ku Lilongwe patchuthi, ndipo ena akuti akangomaliza Folomu 4 akhale pro, wosewera molipidwa. Kodi njira yake imayenda bwanji? Ife kuno ku Kasungu tingamuthandize chiyani?

NaPhiri_M1: Bambo, musathamangire za u pro. Choyamba alembetse umembala pa kalabu, monga Lilongwe Golf Club yomwe ili ndi mabowo 18, kuti apeze handicap yovomerezeka, nambala yosonyeza luso la wosewera, yomwe imatsika luso likamakula. Kuyambira 2020 dziko lonse likutsata World Handicap System: akapereka makadi a zigoli a mabowo 54 amalandira handicap yoyamba, ndipo makadi akakwana 20 amawerengera 8 abwino kwambiri. Yoyambira imatha kufika 54. Wofuna kudya za gofu atsike mpaka pa 0 kapena achite bwino kuposa apo, ndipo zigolizo azipeze pa mpikisano, pa mabwalo osiyanasiyana. Ena amakanirira pa 10 chifukwa amasewera bwalo limodzi lokhalokha, kenaka akapita kwina amasochera.

Samalani ndi mphotho. Malamulo a 2022 a R&A ndi USGA, mabungwe oyendetsa gofu, amalola amateur (wosewera yemwe sanakhale pro) kulandira thandizo la kampani, koma akalandira mphotho yoposa madola 1,000 a ku America, kapena akalipidwa pophunzitsa ena kamenyedwe ka mpira, u amateur wathera pomwepo.

Mkulu_wa_pa_Santhe: Ndiwonjezere pa za mayi NaPhiri. Taonani Ashleigh Buhai wa ku South Africa. Akali Ashleigh Simon, adapambana South African Women's Open mu 2004 ali ndi zaka 14, ali amateur. Adakhala pro mu 2007 atakwanitsa zaka 18, ndipo chaka chomwecho adapambana pa Ladies European Tour. Koma chikho chachikulu, Women's Open ya ku Muirfield, adachinyamula mu 2022 ali ndi zaka 33, atalimbana ndi Chun In-gee mabowo anayi owonjezera. Zaka 15 zimenezo chikhalireni pro, kwa mwana amene adagonjetsa akuluakulu asanamalize sukulu! Annika Sörenstam adadzera ku University of Arizona, nkupambana mpikisano wa NCAA, wa mayunivesite a ku America, mu 1991, ndipo pro adakhala mu 1992. Kwa mwana wa kuno njira ya sukuluyi ndiyo ndingasankhe, choncho MSCE asaiseweretse.

Chimene anthu satchula ndi ndalama. Pro alibe malipiro a pamwezi. Ndege, malo ogona ndi caddie (womunyamulira ndodo) amalipira yekha, ndipo pa mipikisano yambiri akalephera kudutsa cut, pomwe osachita bwino amachotsedwa mpikisano uli pakati, amabwerera chimanjamanja. Khomo lapafupi ndi Sunshine Ladies Tour ya ku South Africa. La ku Ulaya limadzera ku Q-School ya ku Morocco, mpikisano wosankhira olowa mu Ladies European Tour.

Coach_wa_pa_Boma: Achimwene, za pakhomo nazi. Lamulo limalola ndodo 14, koma panopa zisanu zakwana: 5-wood, 7-iron, 9-iron, sand wedge ndi putter (ndodo yogubuduzira mpira m'bowo). Musamugulire ndodo za amuna za pakaunjika nkuzidula. Shaft, thunthu la ndodo, ikadulidwa imauma, mwana amayamba kukankha ndi mapewa, mpira nkumakhotera kumanja, ndipo chizolowezi chimenechi chimavuta kuchichotsa.

Pa bwalo la mpira la pasukulu, ikani ndowa pa mamita 30, 50 ndi 70, amenye mipira 20 pa ndowa iliyonse, azilemba mu kope ingati yagwera pafupi. M'chilimwe nthaka ya kuno imauma gwaa, wedge imadumpha nkumenya mpira pamimba, ndiye azimenyera pa kapeti yakale. Putter achitire m'nyumba, mita imodzi ndi theka, mipira 50 tsiku lililonse. Simenti yokha imathamangitsa mpira mopitirira, muyalepo kapeti yopyapyala. Kamodzi pamwezi akwere basi ya ku Lilongwe, akasewere mabowo 18 ndi munthu womusainira kadi.